Dolo kapena ngwazi? Mmene mawu amasinthira tanthauzo

Tchuthi chapitachi ndinali kwathu ku Senga Bay. Tsiku lina m'mawa, maboti akungofika kumene pagombe, amayi ogula usipa ali piringupiringu ndi mabeseni awo, Tadala, mwana wa achemwali anga, anandipeza nditakhala pa bwato lakale lomwe linasiya kalekale kulowa m'madzi. Anali ndi kope la Chichewa m'manja, nkhope ili yakugwa. Mtsikanayu ali Fomu 3.

"Amalume, taonani zomwe andilembera aphunzitsi."

Kalasi yawo inapatsidwa ntchito yolemba ndakatulo yotamanda munthu amene amamusirira. Tadala anasankha agogo ake, omwe ndi bambo anga, amene anagwira ntchito ya usiginala panyanjapa mpaka maso atayamba kuwavuta. Mumzere woyamba analemba kuti agogo ake ndi dolo wa panyanja. Aphunzitsi anadula mzere wofiira kunsi kwa mawu oti dolo, ndipo m'mbali analemba kuti: "Mawu a pamsewu. Peza mawu oyenera." Malikisi ena anapita pamenepo.

"Koma pagombe pano aliyense amawatchula choncho," anatero Tadala. "Ndiye kuti anthu onsewa akulakwitsa Chichewa?"

Funso limeneli si lamasewera. Chaka chamawa Tadala alemba mayeso a MSCE, ndipo liwu limodzi lokhala pamalo olakwika limatha kudya malikisi. Komanso ndi funso la sayansi, chifukwa pali sayansi ya ziyankhulo. Akatswiri ake amachita zomwe mumachita mu labotale: amaonetsetsa, amatolera umboni, amapereka ganizo, kenako n'kuliyesa. Tiyeni tiliyankhe motero.

Dikishonale imachokera kuti?

Ambiri timaganiza kuti dikishonale, kapena kuti mtanthauziramawu, ndi bwalo la milandu la mawu: liwu likakhalamo ndiye lolondola, likasowamo ndiye kuti kulibe. Koma taganizani, ndani anayamba, msodzi kapena buku? Anthu ankapha chambo ndi kampango panyanja pano, akuzitchula mayina, kusanabwere pepala. Wolemba dikishonale amabwera pambuyo, kumvetsera ndi kulemba zomwe wamva.

Mbiri ya madikishonale athu ikuonetsa zimenezi. M'chaka cha 1853, mmishonale wa ku Germany, Johannes Rebmann, anakumana ndi munthu wina dzina lake Salimini kufupi ndi Mombasa ku Kenya. Salimini anali wochokera kuno m'chigawo chapakati, ndipo anafika kumeneko atagwidwa ukapolo. Rebmann ankamufunsa mawu a chiyankhulo chakwawo n'kumalemba, ndipo buku lotchedwa Dictionary of the Kiniassa Language linatuluka mu 1877, Rebmann atamwalira kale. Tangoganizani, mawu onse a m'bukumo anachokera pakamwa pa munthu wamba yemwe ankakumbukira kwawo ali kutali.

Mu 1892, David Clement Scott wa ku mishoni ya Blantyre anatulutsa dikishonale yaikulu ya Chimang'anja, yomwe Alexander Hetherwick anaikonzanso n'kuitulutsa mu 1929. Mabuku onsewa ankamasulira mawu athu m'Chingerezi. Buku lotanthauzira Chichewa m'Chichewa chomwe, Mtanthauziramawu wa Chinyanja, linatuluka m'chaka cha 2000, ndipo inali ntchito ya Centre for Language Studies ya Yunivesite ya Malawi ku Zomba, bungwe lomwe linalowa m'malo mwa Chichewa Board mu 1996. Mu 2016 kunatulukanso Oxford Chichewa Dictionary ya Steven Paas.

Nanga n'chifukwa chiyani anthu amalembabe madikishonale atsopano pamene akale alipo? Chifukwa dikishonale ili ngati chithunzi cha nyanja chomwe mwajambula pa foni. Chithunzicho n'choona, koma mukangomaliza kujambula, mafunde asuntha kale.

Njira zinayi zomwe tanthauzo limayendera

Njira yoyamba ndi kufanizira. Liwu loti ndime linachokera kumunda: ndi gawo lomwe munthu wapatsidwa kuti alime. Anthu atayamba kulemba, anaona kuti nkhani nayo imagawidwa m'zigawo ngati munda, ndiye lero tili ndi ndime ya chimangirizo, ndime ya ndakatulo, ndime ya m'Baibulo. Palibe mphunzitsi amene angadule mzere wofiira pa liwu limeneli, koma tsiku lina linali lachilendo papepala. Nkhungu ndi chifunga cha m'mawa, koma ife a kunyanja timatchulanso choncho tizilombo touluka tija timatuluka m'madzi tambirimbiri n'kumaoneka ngati utsi pakati pa nyanja. Mbola ndi kachida kolumira ka njuchi. Mnyamata akagula foni yomwe yafa tsiku lachiwiri amati, "Aise, foni ija ndi mbola." Wafanizira ululu wa kulumidwa ndi ululu wa kutaya ndalama. Ubongo womwe unapanga ndime ya chimangirizo ndi womwewo wapanga foni ya mbola. Kusiyana kwake ndi zaka basi.

Njira yachiwiri ndi kubwereka. Siginala, ntchito ya bambo anga ija, ndi liwu lochokera ku Chingerezi, komwe limatanthauza chizindikiro. Kuno limatanthauza munthu: amene amakhala m'bwato la nyali usiku, kukopa usipa ndi kuwala, n'kuuza anzake a m'maboti nthawi yoponya chilimira. Mngerezi atamva kuti siginala wadwala malungo angadabwe kwambiri. Liwu likabwerekedwa limayamba moyo watsopano. Mfana ndi madala ndi mawu a ziyankhulo za ku South Africa, komwe agogo athu ambiri anakagwira ntchito m'migodi ya ku Joni. Nawo mawu oti matchona, anthu opita kunja osabwerako, anachokera komweko. Ndege tinabwereka ku Chiswahili, komwe liwuli limatanthauza mbalame komanso ndege yokwera.

Njira yachitatu ndi kufutukuka kapena kupanikizika. Msodzi amapha nsomba, ndipo pamenepo palibe chodabwitsa. Koma lero woyimba amapha makwacha, wa geni amapha makwacha, popanda chamoyo chilichonse chafa. Tanthauzo lafutukuka. Kumbali inayi, taonani liwu loti chamba. Kwa akuluakulu chamba ndi gule kapena mtundu wa nyimbo, n'chifukwa chake pa wailesi mumamva kuti woyimba uje amayimba chamba chauzimu. Koma mukangoti "chamba" pa depoti ya Salima osawonjezera kanthu, anthu ambiri aganiza za fodya wamkulu. Tanthauzo limodzi lapanikiza linzake.

Njira yachinayi ndi kukhazikika. Kaunjika ndi liwu lomwe aliyense angaone komwe linachokera: zovala zounjikidwa pansi pamsika. Kabaza nalo ndi liwu la m'misewu. Lero onse awiri mumawawerenga m'nyuzipepala ndi kuwamva pa nkhani za pa wailesi, ndipo palibe amene amatsinya nkhope. Analowa m'nyumba n'kupatsidwa mpando. Koma si onse amene amafika pamenepo. Afunseni makolo anu mawu omwe ankatchuka ali achinyamata. Ambiri mwa mawuwo simunawamvepo, anafa ngati nkhungu za dzulo.

Chiyankhulo cha achinyamata si ulesi

Akatswiri a ziyankhulo a kuno kwathu anaphunzirapo kale za nkhaniyi. Mu 2001, Francis Moto analemba za chomwe anachitcha chiyankhulo chatsopano cha Malawi, ndipo Chimwemwe Kamanga anafufuza za Chibrazi, kayankhulidwe ka m'matauni komwe dzina lake likuchokera ku brazi, kutanthauza mbale kapena mnzako. Si kuno kokha: ku Nairobi kuli Sheng, ku Johannesburg kuli Tsotsitaal, ndipo Chinyanja cha mu Lusaka n'chodzaza ndi mawu ochokera ku Chibemba ndi Chingerezi.

Mawu oterewa amagwira ntchito ziwiri zikuluzikulu. Yoyamba, amasonyeza kuti ndiwe wa gulu liti. Ukati "bho" m'malo moti "ndili bwino", ukuuza mnzako kuti ndife amodzi. Yachiwiri, amabisa nkhani kwa amene sali m'gulumo. N'chifukwa chake amasintha msanga: makolo akangodziwa tanthauzo, chinsinsi chatha, ndiye pafunika liwu lina.

Onaninso kuti mawuwa amamvera malamulo a Chichewa. Palibe amene amati "foni uja ndi mbola" kapena "madolo chiwiri". Timati foni ija, madolo awiri. Liwu latsopano limalowa m'gulu la mayina n'kutsata mgwirizano wake ngati lina lililonse. Choncho yankho loyamba kwa Tadala ndi lakuti ayi, anthu a pagombe sakulakwitsa Chichewa. Dolo ndi liwu lenileni, lili ndi tanthauzo lomveka: munthu wodziwa ntchito yake kuposa anzake.

Koma aphunzitsi akenso sanalakwitse. Kuti timvetse chifukwa chake, tiyenera kuona mtundu wa ndakatulo yomwe anapatsidwa.

Mawu a ndakatulo za ngwazi

Tiyambe ndi liwu loti ndakatulo. Likuchokera ku mneni kulakatula. M'Chichewa, dzina la mtundu uwu likamapangidwa kuchokera ku mneni woyamba ndi l, lemba limeneli limasanduka nd. Yesani nokha: kulima, ndime, kulakatula, ndakatulo. Wochita ntchitoyo ndi mlakatuli, monga mmene wolima alili mlimi.

Nanga ngwazi? Yang'anani mneni kugwaza, kubaya ndi mkondo. Ngwazi anali munthu wogwaza adani kunkhondo, ndipo m'Chizulu mulinso liwu lofanana nalo, ingwazi. Kuchokera pamenepo linayamba kutanthauza munthu aliyense wolimba mtima amene wachita zazikulu. Kwa zaka zambiri mpaka 1994, Amalawi akamva kuti Ngwazi ankadziwa kuti akunena Dr Hastings Kamuzu Banda. Lero olemba nkhani za masewera amatcha timu yomwe yatenga chikho kuti ngwazi. Mwaona? Liwu lomwe timaliyesa laulemu ndi lokhazikika nalo layenda ulendo wautali, kuchoka pa mkondo kufika pa mpira.

Ndakatulo zonena za ngwazi zili m'mitundu iwiri, ndipo ophunzira ambiri amaisokoneza.

Mtundu woyamba ndi ndakatulo yaitali yofotokoza nkhani: kubadwa kwa ngwaziyo, mavuto ake, nkhondo zake, mpaka mapeto. Pa Chingerezi amati epic, kuchokera ku liwu la Chigiriki loti epos, lomwe limatanthauza mawu. Chitsanzo chotchuka ndi Iliad ya Homer, yomwe ili ndi mizere yoposa 15,000. Ku West Africa kuli nkhani ya Sundiata Keita, amene anayambitsa ufumu wa Mali cha m'ma 1235. Alakatuli a kumeneko otchedwa jeli anaisunga pamtima kwa zaka mazana, ndipo Djibril Tamsir Niane anaisindikiza mu 1960. Aswahili ali ndi utenzi kapena utendi, ndipo umodzi mwa akale kwambiri, Utendi wa Tambuka, ndi wa mu 1728.

Pamenepa pali phunziro la mmene sayansi imayendera. Mu 1970, Ruth Finnegan analemba m'buku lake la Oral Literature in Africa kuti ndakatulo za mtundu uwu zikuoneka kuti n'zosowa mu Africa muno. Akatswiri ena sanangokwiya ayi, anabweretsa umboni wa zomwe zinajambulidwa ndi kulembedwa kuchokera kwa alakatuli, ndipo mu 1979 Isidore Okpewho wa ku Nigeria anatulutsa buku lotchedwa The Epic in Africa. Ganizo likatsutsidwa ndi umboni, limasintha.

Chosangalatsa n'chakuti liwu loti epic nalo lagwa m'manja mwa achinyamata. Pa Facebook ndi TikTok mupeza wina akunena kuti chigoli cha dzulo chinali epic, kutanthauza kuti chinali chapamwamba zedi. Ngati pa mayeso a Chingerezi akufunsani tanthauzo la liwuli inu n'kulemba kuti "chinthu chabwino kwambiri", mwagwa nayo. Vuto la Tadala lilinso ku London.

Mtundu wachiwiri ndi ndakatulo yotamanda. Iyi sifotokoza nkhani mwandondomeko. Imaunjika mayina ndi zifanifani: mfumu imatchedwa mkango, njovu, moto wolusa, ndipo zochita zake zimangokhudzidwa mwachidule chifukwa omvera akuzidziwa kale. Abasotho amati lithoko, ndipo Daniel Kunene analemba buku la ndakatulo zimenezi mu 1971 lotchedwa Heroic Poetry of the Basotho. Azulu amati izibongo, ndipo wolakatula wake ndi imbongi. Luso limeneli linafika kuno ndi Angoni, omwe gulu lawo lotsogozedwa ndi Zwangendaba linawoloka Zambezi mu Novembala 1835, tsiku lomwe kunachitika kadamsana. Angoni a ku Mzimba amatcha matamando amenewa vithokozo, ndipo mukapita ku mwambo wa Umhlangano wa Angoni a Maseko ku Ntcheu mukamva Inkosi ya Makosi Gomani ikutamandidwa isanayankhule.

Tsono tamverani ichi. M'Chizulu, mneni bonga amatanthauza kutamanda komanso kuthokoza. Kuchokera ku mneni ameneyu kunabwera izibongo, ndakatulo zotamanda zija, komanso isibongo, dzina la mtundu wa munthu. Isibongo imeneyi ndiyo chiwongo chathu. Agogo akalandira madzi akumwa n'kunena kuti "Zikomo Phiri" kapena "Zikomo Nabanda", akuchita mwachidule zomwe imbongi amachita pamaso pa mfumu: kulemekeza munthu potchula kumene anachokera. Kachidutswa ka ndakatulo za ngwazi kamamveka pakhonde lathu tsiku ndi tsiku, ife osadziwa.

Apa ndiye pali chifukwa cha mzere wofiira uja. Ndakatulo yotamanda ili ndi kavalidwe kake. Imafuna mawu olemera, omwe agogo, mdzukulu ndi woyesa mayeso wa ku Karonga kapena ku Nsanje angawamve mofanana, lero ndi zaka makumi zikubwerazi. Dolo ndi liwu la macheza. Limamveka bwino pagombe, koma limanyamula fungo la nthabwala, ndipo palibe akudziwa ngati adzukulu a Tadala adzalimve. Kabudula wopalasira bwato si wolakwika, koma sitipita naye kuukwati.

Kafukufuku woti muchite

Musangokhulupirira zomwe ndanenazi. Yesani nokha sabata ino. Sankhani mawu asanu, mwachitsanzo dolo, mbola, chamba, ngwazi ndi geni. Pezani anthu asanu ndi anayi: atatu a msinkhu wanu, atatu a msinkhu wa makolo anu, atatu okalamba. Aliyense mumufunse payekha, kuti asatengere yankho la mnzake. Mufunse funso lomwelomwelo: "Mukamva liwu ili, chimayamba kubwera m'maganizo ndi chiyani?" Osamuthandiza kuyankha. Lembani yankho loyamba monga momwe walinenera, kenako mupemphe chiganizo chimodzi chokhala ndi liwulo.

Mukamaliza, jambulani tebulo: mawu kumanzere, misinkhu pamwamba. Kenako katsegulireni dikishonale ya kulaibulale ya kusukulu kwanu n'kuyerekeza. Ndi gulu liti lomwe mayankho ake akufanana kwambiri ndi a m'buku? Ndi liwu liti lomwe magulu onse atatu agwirizana? Limenelo ndiye lokhazikika, mutha kulilemba pa mayeso mosaopa. Liwu lomwe achinyamata okha ndi amene akulidziwa, lisungeni la pa WhatsApp.

Kumbukirani kuti anthu asanu ndi anayi ndi ochepa, sangayimire dziko lonse. Mukaphatikiza matebulo a kalasi yonse, umboni wanu ulimba. Ngati mnzanu ali ndi abale ku Chipoka kapena ku Lifuwu, awafunsenso, muone ngati magombe amasiyana. Ntchito imeneyi ndi yomwe Rebmann ankachita ndi Salimini, ndipo ndi yomwe olemba Oxford English Dictionary anachita potolera timapepala ta zitsanzo kuchokera kwa anthu ongodzipereka mpaka buku lonse litatha mu 1928.

Polemba chimangirizo kapena ndakatulo, dzifunseni mafunso atatu pa liwu lililonse lomwe mukulikayikira. Kodi agogo angalimve? Kodi ndinalimvapo pa nkhani za pa wailesi kapena kuliwerenga m'buku la kusukulu? Kodi amene akuyankhula pamenepa ndi ine wolemba, kapena ndi mtengambali? Funso lachitatuli n'lofunika. Mu nkhani yopeka kapena sewero, kondakitala wa minibasi atha kunena kuti "aise" ndi "mbola", chifukwa ndi mmene amayankhulira, ndipo mawu ake mumawaika m'mitengero. Koma inu wofotokoza nkhaniyo khalani pa Chichewa chokhazikika.

Zomwe Tadala anachita

Ndinamuuza kuti asangofufuta dolo n'kuikapo liwu lina, koma apite kaye akawafunse agogo ake zomwe anachita kuti anthu aziwatchula choncho. Anakhala nawo madzulo awiri pakhonde. Anamva za usiku wina wa mu Julaye pomwe mwera unawapeza pakati pa nyanja, nyali zonse zitazima, iwo n'kulondolera maboti mpaka kumtunda potsata mbali yomwe mafunde ankamenya bwato. Nkhani imeneyi ngakhale ine mwana wawo ndinali ndisanaimve yonse.

Ndakatulo yachiwiri inalibe dolo. Inawatcha nyali yosazima ndi mwera, diso la chilimira, ngwazi ya pamadzi, ndipo inathera pa chiwongo chawo. Asanaipereke kwa aphunzitsi, Tadala anawawerengera eni ake. Anamvetsera mutu uli pansi, ndipo atafika pa mawu oti ngwazi anadzutsa mutu n'kuseka.

"Ngwazi? Iwe mdzukulu wanga, ine sindinagwazepo munthu. Ine ndangopha usipa basi."

Tadala anandiyang'ana, kenako anatsegula tsamba lakumapeto kwa kope lake, pomwe anali atajambula kale tebulo lija. Pansi pa gulu la okalamba, moyang'anizana ndi liwu loti ngwazi, analemba yankho lake loyamba.